Paja amati mlandu suwola, nanga ngongole ya simenti ya 2019?

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Mwaswera bwanji nonse pagulu pano. Ndili ndi nkhani imene yandisowetsa tulo kuyambira Loweruka. Amene akudziwa malamulo andithandize, zongomva m'minibasi ayi chonde.

Mu 2019 kunabwera bambo wina kushopu kwanga, kontrakitala, anali ndi ntchito yomanga nyumba ziwiri ku Area 49. Tinkapemphera mpingo umodzi, mkazi wake tinali naye m'kwaya, ndiye sindinaone chovuta. Anatenga katundu maulendo atatu. Pa 12 Ogasiti simenti matumba 120, pa 3 Seputembala malata ndi misomali, pa 20 Seputembala simenti ina matumba 40 ndi waya. Zonse pamodzi K2,340,000. Pa invoisi iliyonse ndinalemba kuti alipire pasanathe masiku 30, ndipo katunduyo amasainira folomani wake lole ikatsitsa.

Chiyambire pamenepo nyimbo ndi imodzimodzi. Mwini nyumba sanandipatse. Kenako Covid. Kenako maliro kumudzi. Kenako cheke chatuluka koma chikudikira saini. Mu Disembala 2021 anatumiza K150,000 pa Airtel Money, basi kuthera pomwepo. Loweruka lapitali ndinamupeza pa ukwati ku Area 25, suti ili ngwee, akumwaza ma K5,000 pa perekaniperekani. Nditamukokera kumbali anangoseka, n'kunena kuti, "Mayi, ngongole imeneyo yatsala pang'ono kufa yokha, kafunseni maloya." Ine mpaka zigege za ukwati zinandiwawa m'kamwa. Kodi ngongole imafa?

Che Jafali (nsomba, Wakawaka): Akukuopsezani chabe amayi. Mlandu suwola. Agogo anga anakatenga mbuzi ya ngongole kwa mdzukulu wa munthu amene anakongola, mwini wake atagona kale kumanda.

Make Tadala: Pitani naye kupolisi agone masiku awiri, muona ndalama itulukira pansi pa bedi.

Ankolo a Zitsulo (Biwi): Make Tadala, apolisi akakuuzani kuti nkhani ya ngongole si yawo, pitani kukhoti. Ine ndinayesapo, ndinangotha nsapato. Munthu amene watenga katundu mwa pangano n'kulephera kulipira sanabe. Zimasiyana ndi amene anabwera ndi dzina labodza kapena mapepala achinyengo.

Bambo Mbewe (Kawale): Moni nonse. Ine si loya, koma ndinagwira ntchito ya ukalaliki mu ofesi ya maloya zaka zambiri ndisanapume, ndipo makalata a ngongole ngati imeneyi ndinatayipa ambirimbiri. A Nachisale, pepani, koma bamboyo sakunama kwenikweni. Che Jafali, pabwalo la amfumu mlandu suwoladi. Kukhoti umawola.

Tili ndi lamulo lotchedwa Limitation Act, m'mabuku a malamulo a Malawi lili pa Cap. 6:02. Gawo 4 la lamuloli likunena kuti mlandu wochokera pa pangano sungayambidwe patapita zaka 6 kuchokera tsiku limene munthu anakhala ndi chifukwa chokasumira. Kugulitsa katundu pa ngongole ndi pangano, kaya munalemberana kaya munangogwirana chanza. Ndiye muli ndi zaka 6.

Funso lalikulu ndi lakuti zaka 6 zimenezo timayamba kuwerenga liti. Sitiwerenga kuchokera tsiku limene munakwiya, kapena tsiku limene munamulembera kalata yomukumbutsa. Timawerenga kuchokera tsiku limene amayenera kulipira n'kusalipira. Inu munamupatsa masiku 30. Katundu woyamba anatuluka pa 12 Ogasiti 2019, ndiye kuti masiku 30 anatha chapakati pa sabata yachiwiri ya Seputembala 2019. Onjezani zaka 6. Mukufika Seputembala 2025. Lero tili mu Juni 2025. Mukuona chimene amasekera munthu wanuyo?

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Mayo ine. Miyezi itatu yokha?

Bambo Mbewe (Kawale): Pa invoisi yoyamba, inde, tikawerenga mosaganizira ndalama ija ya 2021. Ndibweranso ku imeneyo. Zinazo zikutsatira pambuyo pake mu Okutobala, chifukwa invoisi iliyonse ili ndi tsiku lake. Kwa anzathu amene salemba masiku olipirira, dziwani kuti ngati simunagwirizane za nthawi, ndalama imayenera kuperekedwa pomwe katundu waperekedwa, ndiye wotchi yanu imayamba kuyenda tsiku lomwelo lole ikutsitsa.

Nabanda Kaunjika: Koma lamulo limeneli analipanga ndani abale? Ndiye kuti boma likuikira kumbuyo akuba? Munthu wadya thukuta la mnzake, angobisala zaka 6 basi wapulumuka?

Bambo Mbewe (Kawale): Tinalitengera kwa Angelezi, monga malamulo athu ambiri a zamalonda. Koma musalinyoze msanga a Nabanda. Taganizani munthu atabwera lero pa benchi yanu n'kunena kuti mu 2009 munatenga mabelo awiri osalipira. Malisiti a 2009 muli nawo? Mnyamata amene anakaperekera ndalamayo mukudziwa kumene ali? Pakapita nthawi mapepala amadyedwa ndi chiswe, mboni zimamwalira, anthu amaiwala. Woweruza angagamule bwanji zoona? Lamuloli limateteza inu nomwe tsiku limene mudzakhale mbali inayo. Ndipo zaka 6 si zochepa. Mwana wobadwa tsiku la invoisi ya a Nachisale chaka chino akuyamba Sitandade 1.

Nabanda Kaunjika: Apo mwandigwira pakamwa, koma mtima sunavomere.

Achimwene a ku Joni: Inu muziyamika. Kuno ku South Africa ngongole wamba ndi zaka 3 zokha, lamulo lake amalitcha Prescription Act la 1969. Mnzathu wina wa ku Mangochi ankasoka mayunifolomu kuno ku Johannesburg, anapereka katundu kwa munthu wa shopu, n'kumangodikira mwaulemu wachimalawi uja. Pomwe amapita kwa loya anamuuza kuti wachedwa ndi miyezi isanu. Analira ngati mwana. Ndiye inu amene mumatumiza katundu kunja kapena kuoda kuno musamaganize kuti zaka 6 zili paliponse.

Gift Ma Phone: Ma power bank original afika, 20000mAh, ndili pa Bwalo la Njobvu, inbox

Mlembi wa gulu: A Gift, malonda ndi Lachisanu. Kachiwiri aka. Kachitatu tikutulutsani.

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): A Mbewe, nanga makalata amene ndakhala ndikumulembera? Ndili ndi atatu, ina mpaka ndinakaisiya kwa abusa. Komanso mu 2022 tinakhala pansi ndi akuluampingo, iye anavomera pamaso pawo kuti ngongole ilipo. Zimenezo sizikuwerengedwa?

Bambo Mbewe (Kawale): Apa ndi pamene amalonda ambiri amagwera m'mbuna, ndiye ndifotokoze pang'onopang'ono.

Kalata yochokera kwa inu siimitsa nthawi. Mutha kulemba makalata 50, mutha kulembetsa kwa loya pa pepala la chidindo chofiira, wotchi ikuyendabe. Kupita kupolisi, kwa amfumu, kwa abusa, kwa tcheyamani wa msika, zonsezo ndi zabwino pofuna kugwirizanitsa anthu, koma nthawi siima. Kuvomera kwa pakamwa, ngakhale pamaso pa akuluampingo khumi, sikuthandiza pa nkhani ya nthawiyi.

Zimene lamulo limazindikira ndi izi. Wangongole akavomera ngongoleyo polemba, n'kusainira iye mwini kapena womuimirira, kalatayo n'kupereka kwa inu, zaka 6 zimayambiranso tsiku limenelo. Akalipirako gawo la ngongoleyo, ngakhale pang'ono, zaka 6 zimayambiranso tsiku lolipiralo. Kupatula pamenepo, chotsala ndi kukatsegula mlandu kukhoti nthawi isanathe. Mlandu ukatsegulidwa m'nthawi yake, ngakhale utatenga zaka kuti uweruzidwe, palibe angadzanene kuti munachedwa.

Tsono pa msonkhano wa akuluampingo uja, panalembedwa kanthu? Iye anasainapo?

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Mlembi wa mpingo analemba mu buku lawo, koma amene anasaina ndi abusa ndi mlembiyo. Iye anati dzanja likumupweteka, anagwa pa sikafodi.

Ankolo a Zitsulo (Biwi): Kkkkk dzanja likupweteka. Ameneyu anaphunzitsidwa kale, amadziwa chimene akuchita.

Make Tadala: Koma pa ukwati dzanja lomwelo limaponya ndalama bwinobwino.

Che Jafali (nsomba, Wakawaka): Ndiye K150,000 ija yawapulumutsa amayiwa eti? Disembala 2021 kuphatikiza 6, mpaka Disembala 2027. Nkhani yatha, gonani tulo amayi.

Bambo Mbewe (Kawale): Mwina, koma ine sindingagone. A Nachisale, ndalamayo inachokera pa nambala ya ndani?

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Ndayang'ana m'kope langa. Ndinalemba kuti inachokera pa nambala ya mkazi wake. Uthenga wa pa foni ndilibe, foni ija inabedwa mu depoti chaka chatha.

Bambo Mbewe (Kawale): Mwaona? Kukhoti munthuyo adzaimirira n'kunena kuti mkazi wanga ankabweza ndalama ya banki m'khonde, kapena ankagula penti ya kunyumba kwathu, ine za simenti sindikudziwa. Udindo wosonyeza kuti ndalamayo inali yolipirira ngongole imeneyi, ndipo inachokera kwa iye kapena wotumidwa ndi iye, udzakhala wanu. Mutha kupita kwa a foni kukapempha sitetimenti ya nambala yanu kuti tsiku ndi ndalama zioneke, chitani zimenezo mawa lomwe. Koma sitetimenti siidzanena kuti ndalamayo inali ya chiyani.

Vuto lachiwiri, muli ndi mainvoisi atatu. K150,000 ija inali ya invoisi iti? Ngati m'kope mwanu munthuyu ali ndi tsamba lake limodzi, katundu akalowa mukuphatikiza, ndalama ikabwera mukuchotsera, n'kulemba yotsala pansi, loya wanu angathe kunena kuti inali akaunti imodzi ndipo malipirowo anakhudza ngongole yonse. Koma loya wa mbali inayo adzati ayi, inali ya malata okha, simenti inafa kale. Mudzatha ndalama kukangana za zimenezo pomwe mukanatha kuzipewa. Langizo langa, werengani ngati kuti K150,000 ija kunalibe. Tsiku lanu likhale kumayambiriro kwa Seputembala chaka chino, ndipo musadikire kuti lifike.

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Kope ndi limodzi, tsamba lake ndi limodzi, pamwamba ndinalemba dzina lake ndi la kampani yake. Ndi kope lija lachikuto chakuda, m'mphepete mofiira. Linanyowapo ndi mvula denga la shopu litadontha koma zolemba zikuoneka.

Mayi Gondwe (mazira ndi nkhuku, Likuni): Mwati kampani? Chenjerani pamenepo achemwali. Ine ndinkapereka mazira matileyi 60 sabata iliyonse ku malo ena ogona alendo kuno ku Lilongwe, dzina sinditchula. Ngongole itakwera ndinakasumira bwana wake ndi dzina lake. Tsiku la mlandu loya wake anangonena kuti amene ankagula mazira ndi kampani, osati munthuyu. Mlandu unathera pomwepo, ndinayambiranso poyamba, ndalama zolipira kukhoti kawiri. Mwayi wanga zaka zinali zisanathe. Mukalakwitsa dzina nthawi itatsala miyezi itatu, pomwe muzidzakonza mudzapeza chitseko chatsekedwa. Onani pa mainvoisi munalemba dzina liti, ndipo fufuzani ku ofesi yolembetsa makampani ngati kampaniyo ndi Limited kapena ndi dzina la geni chabe.

Bambo Mbewe (Kawale): Mayi Gondwe anena zoona zokhazokha. Ikakhala Limited, mumasumira kampaniyo. Likakhala dzina la geni lokha, mumasumira mwini wake. Loya akaona mapepala adzadziwa.

Dalitso wa pa Mchesi: Ine ndingolankhulako mbali inayo, musandigende. Ndine kalipentala, ndipo inenso ndili ndi ngongole ya matabwa kwa mdala wina kuyambira 2020. Sikuti ndikuthawa. Amene ndinawapangira madesiki sanandilipire mpaka lero. Si aliyense wangongole amene ndi tambwali. Mwezi ndi mwezi ndimamupatsa mdalayo kaya K10,000 kaya K20,000, amalemba, ndimasaina. Ndiye mukundiuza kuti ndikamatero ndikudzitalikitsira ndekha ngongole?

Bambo Mbewe (Kawale): Inde a Dalitso, nthawi iliyonse mukapereka, zaka 6 zikuyambiranso. Koma n'chifukwa chake mdalayo sakukutengerani kukhoti, akudziwa kuti sakutaya kanthu podikira. Mukadzasiya n'kuyamba kuwerenga zaka, mudzapambana mwina, koma matabwa pa Mchesi simudzakongolanso. Paja ngongoleyo siifafanizika, chimene chimatha ndi mphamvu yokakukakamizani kudzera kukhoti. Munthu atalipira ngongole ya zaka khumi mwa kufuna kwake, sangabwerenso kudzati ndibwezereni. Komanso khoti silidzudzula lokha kuti nthawi inatha, wosumiridwayo ndiye amayenera kutchula zimenezo poyankha mlandu. Koma musadalire kuti aiwala. Kontrakitala wa a Nachisale wayamba kale kuwerenga masiku.

Make Tadala: Mungomuika pa Facebook ndi chithunzi chake cha pa ukwati chija, anthu amudziwe.

Mayi Gondwe (mazira ndi nkhuku, Likuni): Ayi ayi. Mudzapezeka inu ndi amene mukuyankha mlandu woipitsa mbiri ya munthu, iye ali phee ndi simenti yanu.

Nabanda Kaunjika: Nanga uthenga wa pa WhatsApp? Makasitomala anga onse amavomera ngongole pa WhatsApp, "ndikupatsani month end mayi". Imeneyo si kalata?

Bambo Mbewe (Kawale): Kuyambira 2016 tili ndi lamulo la Electronic Transactions and Cyber Security Act, limene limazindikira mauthenga a pa foni ndi pa kompyuta ngati umboni. Ndiye musafufute, jambulani, tumizani ku imelo yanu kapena kwa mwana wanu kuti foni ikabedwa zisapite nayo. Koma uthenga woti "ndikupatsani month end" sukunena kuti ndalama zingati, za chiyani. Ndipo pamabuka mkangano woti kodi uthengawo ndi wosainidwa, nambalayo ndi yake, analemba ndi iye. Pepala la m'kope la mwana wasukulu lokhala ndi mizere inayi limaposa zonsezo. Ine wakutiwakuti ndikuvomera kuti ndili ndi ngongole ya ndalama zakuti kwa akutiakuti, ya katundu amene ndinatenga tsiku lakuti. Saini, tsiku, mboni. Basi. Mukamapita kokalonjerera ngongole muzitenga pepala ndi bolopeni. Akati ndalama ndilibe, muziti palibe vuto, ingosainani apa.

Ankolo a Zitsulo (Biwi): Chinanso chimene sitikuchitchula. Ngakhale lamulo likanati zaka 20, kudikira kukutidya. Kwacha inagwa ndi 25% mu Meyi 2022, n'kugwanso ndi 44% mu Novembala 2023. A Nachisale, K2,190,000 yotsalayo mutapatsidwa lero, mugula matumba angati a simenti poyerekeza ndi 2019? Munthuyo anamanga ndi simenti ya mtengo wakale, adzakubwezerani ndalama ya lero. Mpamba wanu wasungunuka muli maso.

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Musandikumbutse ankolo. Ngakhale theka la katundu uja sindingagule. Chaka chimenecho ndinalephera kuoda malata a dzinja, mwana wanga anakhala temu yathunthu kunyumba. Ndinkangoti munthu wa mumpingo, tisachititsane manyazi. Amuna anga ankandiuza kuti zengerezu adalinda kwawukwawu, ine n'kumawayankha kuti mulibe chifundo.

Bambo Mbewe (Kawale): Pokasuma loya akapemphenso chiwongola dzanja pa ndalamayo kuchokera tsiku limene inayenera kulipidwa. Khoti ndi limene limaona ngati lipereke ndi kuchuluka kwake, koma chosapempha sapatsidwa. Za bwalo loyenera, zimatengera kukula kwa ndalama. Zing'onozing'ono zimapita kwa majisitireti, zikuluzikulu za malonda zimapita ku High Court, imene ili ndi nthambi yoona za malonda, Commercial Division, kuno ku Lilongwe iliponso. Mukafika ku makhoti ku Area 3, akalaliki a ku kaundula adzakuuzani khomo lake. Ku High Court milandu yambiri imayamba yadutsa pa kukambirana pamaso pa woweruza kuti mwina mugwirizane, ndipo angongole ambiri amafewera pomwepo. Amene alibe ndalama ya loya akayese ku Legal Aid Bureau, amayamba aona kapezedwe ka munthu.

Mutenge mainvoisi onse atatu, mapepala amene folomani ankasainira, kope lakuda lija, makalata anu, sitetimenti ya foni. Folomaniyo ngati ali moyo mufufuzeni, ndi mboni yanu yoti katundu anafika pa saiti.

Che Jafali (nsomba, Wakawaka): Nanga akawina mlandu munthuyo n'kunena kuti ndilibe kanthu?

Bambo Mbewe (Kawale): Chigamulo chili ndi moyo wautali kuposa invoisi, lamulo lomweli limachipatsa zaka 12. Ndipo chigamulo chili ndi mano. Masherifu amatha kukalanda galimoto kapena katundu n'kugulitsa, khoti limatha kulamula kuti ndalama za ku banki kwake kapena zimene ena akuyenera kumulipira zibwere kwa inu. Lero alibe, chaka chamawa apata tenda, inu pepala muli nalo m'manja.

Mayi Gondwe (mazira ndi nkhuku, Likuni): Wanga uja analipira masherifu atangoimitsa galimoto pageti. Ndalama imene ankati kulibe kwa zaka ziwiri inapezeka pasanathe ola.

Mlembi wa gulu: Uthenga wa a Mbewe wa mizere inayi uja ndaupachika pamwamba, aliyense akopere.

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Ndabweranso abale, Lachinayi lino. Dzulo m'mawa ndinalemba pepala lija, ndinatenga mlamu wanga ngati mboni, tinakwera kabaza mpaka pa saiti yake yatsopano ku Area 49 komweko. Tinamupeza akulandira mchenga. Ndinamupatsa moni bwinobwino, n'kunena kuti sindinabwerere ndalama, ingosainani apa. Anawerenga kawiri, anapinda pepalalo, n'kuti bolopeni yanga sikulemba bwino, abwera yekha kushopu Lolemba ndi kenakake. Mlamu wanga anatulutsa bolopeni ina m'thumba la malaya. Iye foni inalira, kaya inaliradi kaya, anazungulira kuseri kwa nyumba, osabweranso. Tinadikira mphindi 40 titakhala pa njerwa.

Koma ulendo sunapite pachabe. Folomani uja adakali naye, anandizindikira, anandipatsa nambala yake mobisa. Sitetimenti ya foni andiuza kuti ndikatenge mawa. Kwa loya ndapita masana ano, waona mainvoisi, akuti onse ndinalemba dzina la munthuyo osati la kampani, ndipo kampaniyo si Limited. Akuti chisamani akonza sabata yamawa.

Make Tadala: Nanga akabweradi Lolemba ndi kenakake?

Nachisale (hadiweya, Malangalanga): Ndilandira, ndimulembera lisiti, asainepo. Kwa loya ndalipira kale.

Dalitso wa pa Mchesi: A Mbewe, ndikubwera ku inbox. Za madesiki anga aja, anatenga mu Febuluwale 2020.